Dzanja Limodzi pa Chigudumu

Temoai anayamba ntchito ya pa Chigudumu ali ndi zaka makumi awiri ndi ziwiri. Sanaifune. Amalume ake a Karotu anali atathyoka chibwano, ndipo pa banja lonse iye yekha ndiye anapezeka alibe chowiringula. Pa chilumba chathu cha Nikumarewa ntchito imeneyi imayenda ndi banja. Ena amalandira dzenje lolimamo babai, mbewu yathu yonga koko ya m'matope, ena bwato, koma iye analandira kiyi wa kanyumba ka miyala kamene kali kuseri kwa maneaba, nyumba yathu ya misonkhano, moyang'anana ndi makola a nkhumba.

Chigudumucho n'chachitsulo, chachitali kuposa munthu, cha mano m'mbali monse, ndipo chili ndi chogwirira chimodzi. Amene anachipanga sakudziwika, ndipo ofuna kudziwa anatopa kalekale. Chikagwa chinthu choti anthu sangachipirire, amasonkhana mu maneaba, n'kukangana mpaka mawu kusasa, kenaka n'kukweza manja. Manja akachuluka, wa pa Chigudumu amakalowa m'kanyumbako n'kuzungulitsa chogwiriracho kakhumi ndi kawiri, uku akutchula pakamwa chimene anthu akufuna. Dzino limodzi likadumpha kuti kha, chilumba chonse chimapezeka chili m'dziko loyandikana nalo, mmene tsokalo silinachitike. Chigudumucho sichibweza nthawi m'mbuyo. Sichisankhanso mosamala ngati munthu wosankha mpunga. Chimachotsa chimene mwatchulacho, koma zina ndi zina zimabwera zitasintha.

Enafe sitikumbuka kanthu. Timangoona wa pa Chigudumu akutuluka manja ali bii ndi girisi, n'kudziwa kuti kwatembenuzidwa. Wokumbuka ndi yekhayo amene dzanja lake linali pa chogwirira. N'chifukwa chake pali malamulo awiri amene aliyense amakula nawo. Osamufunsa zimene zinaliko. Ndipo aliyense wokumana naye tsiku limenelo adzitchule dzina ndi ubale wake, ngakhale akhale wogona naye mphasa imodzi.

Ulendo wake woyamba Temoai anatembenuza chifukwa cha namondwe amene anasasula midzi iwiri. Atatuluka anapeza madenga onse ali chilili, ndipo mwamuna wake akumudikira pakhomo.

"Ndine Bu-Burentau, mwamuna wako," anatero, chifukwa anali wachibwibwi. "Ndipo usa-usayerekeze kunena kuti uko unali ndi wabwino kuposa ine."

Temoai anaseka mpaka kukhala pansi. Masiku amenewo ankaseka.

Burentau woyambayo chibwibwi chinkamuthera poimba, ndipo ankaimba kwaya kutchalitchi, maso atatsinzina. Atatembenuza kachitatu, Temoai anapeza Burentau wolankhula mosadodoma, wa nthabwala zambiri, amene sanaimbepo chibadwire. Nkhope inali yomweyo, chipsera cha mbedza pa chala chinali chomwecho. Temoai anakalira sabata yathunthu m'dzenje la babai, matope mpaka m'mawondo, kumene kunalibe womuona. Atatha anabwera kunyumba n'kuphika.

Bambo ake omubereka, Temoai anawaika m'manda kawiri. Koyamba anamira, ndipo patapita miyezi kutatembenuzidwa pa nkhani ina ya chitsime chimene chinalowa mchere, anawapeza atakhala pakhonde akuluka ukonde, akudandaula za msana. Anakhala zaka zina zinayi, n'kumwalira ndi shuga. Pa maliro achiwiriwo Temoai sanagwetse msozi. Amayi a kutchalitchi ananong'onezana kuti mtima wake ndi mwala, pamene iye ankangoganiza ngati mpunga ukwanire anthu onsewo. Mchimwene wake Tawita anasowa pa ulendo wachisanu ndi chiwiri. Anafunsa kamodzi kokha kuti Tawita ali kuti, ndipo mayi awo anamuyang'ana n'kufunsa kuti Tawita wake uti, popeza iwo anabereka ana aakazi okhaokha. Kuyambira tsiku limenelo anasiya kufunsa.

Anasiyanso zambiri. Galu sankamupatsa dzina. Sankabzala mtengo woti udzabale patapita zaka. Munthu akamwalira ankapita kumaliro, mwana akabadwa ankapita ndi mphasa yatsopano, ndipo konseko nkhope yake inali imodzimodzi. Chisoni chinamuthera, koma chimwemwe chinatha nacho limodzi, ndipo iye ankadziwa zimenezi bwinobwino popanda kudandaula nazo. Ankadzuka, kupala kokonati, kudyetsa nkhumba, Loweruka n'kukapaka girisi pa mano a Chigudumu.

Anthufe sitinamuthandize. Munthu amene sakumbuka mtengo wa chinthu amachiona chotchipa. Chaka china kwaya ya mudzi wathu italuza mpikisano kwa a kummwera, amuna akuluakulu a ndevu zawo anakweza manja kuti kutembenuzidwe. Temoai anawauza kuti kiyi watayika. Anapezeka patatha masabata atatu, mkwiyo utazizira.

Chinthu chimodzi chokha chinkamudzutsabe mtima, ndicho mwana wake Ruteta. Anabadwa kutatembenuzidwa kachisanu, ndipo maulendo asanu ndi anayi otsatira, nthawi zonse Temoai ankamupeza alipo, ali wake, ndi mpata wake wa m'mano ndi kuseka kwake kosokosera. Temoai sankapemphera zambiri, koma chimodzi anachitsimikiza: dzanja la Ruteta lisadzakhudze chogwirira chija. Sanamulolepo kulowa m'kanyumbamo ngakhale kukasesa. Anthu akamati, "Wolowa m'malo ndi ameneyu," iye ankayankha kuti akadali ndi mphamvu.

Mphamvuzo zinatha ali ndi zaka makumi asanu ndi zisanu ndi chimodzi. Phewa lakumanja linauma moti ndowa ya madzi ankainyamula ndi kumanzere, ndipo tsitsi ankamupesa ndi Ruteta.

Lolemba lina amuna asanu anapita ku nyanja ya kunja kukawedza nsomba zikuluzikulu. Lachinayi boti lawo linapezeka litagubuduka pa miyala ya kumpoto. Mitembo inapezeka iwiri, ndipo umodzi unali wa Iotebwa, mwamuna wa Ruteta. Unali utakhala m'madzi masiku. Ruteta anakana kuti wina aliyense ausambitse, anausambitsa yekha. Temoai ankamupatsira madzi, akudikira kuti mwina amva kanthu mumtima, koma sanamve.

Lachisanu m'mawa mu maneaba munadzaza. Panalibe zokangana. Wapampando asanamalize kufunsa, manja onse anali m'mwamba.

"Zamveka," anatero wapampandoyo. "Koma mayi Temoai, phewalo? Tonse tikuliona. Mukalekera pakati chogwirira chija chibwerera, ndipo mukudziwa zimene chinawachita a Karotu. Pakufunika dzanja lachiwiri. Ndani agwire nawo?"

Manja onse aja anatsika ngati wina wawathira madzi otentha. Amuna oti amakoka shaki, nsomba yolusa ija, ndi chingwe anayamba kuyang'ana zala zawo za kumapazi.

Ruteta anaimirira. "Ndigwira nawo ine. Ntchitoyi ndi yanga kale."

Anthu anapuma mpweya wa mpumulo, ena mpaka kuwomba m'manja. Temoai ananyamuka. Anatola mphasa yake n'kumapita kunyumba, Ruteta akumutsatira pambuyo.

"Sugwira," anatero atafika pakhonde.

"Amayi, dzanja lanulo silikweza ngakhale kapu."

"Ukagwira, udzakumbuka. Iotebwa adzabwera, adzakhala apo, adzadya, adzakufunsa kuti bwanji ukundiyang'ana choncho. Iwe uzidzaona nkhope imene unaisambitsa dzulo ija. Tsiku lililonse. Ndipo sudzamuuza."

"Bola abwere. Ndikufuna ndikumbuke. Ndizidzadziwa chimene ndapulumuka, ndizidzamukonda kuposa kale."

"Inenso ndinanena choncho."

"Ndiye?"

"Ndiye tandiyang'ana."

Ruteta anamuyang'ana nthawi yaitali. Maso ake anali otupa. "Amayi, dzulo mumandipatsira madzi ngati tikutsuka mbale. Kodi inu mumandikonda?"

Temoai anafufuza mumtima moona mtima, chifukwa funsolo linali loyenera. "Ndikuganiza choncho," anatero. "Ndikudziwa kuti sindikufuna ukhale ngati ine. China sindikuchipeza."

Burentau anali atakhala pansi pa mtengo akusoka nsapato, makutu ali tcheru. "Make Ruteta," anaitana, "ndigwire ine. Ndakalamba kale, chokumbuka chimodzi sichingandiphe."

"Inu ayi."

"Ukuopa kuti ndidziwa za amuna ako enawo? Ndine wachingati, tanena."

"Lamulo mukulidziwa."

"Ndiye kuti ndi ambiri." Anayesa kuseka, koma sizinatheke.

"M'nyumba muno wokumbuka mmodzi wakwana," anatero Temoai. "Patsale wina woti aziseka."

Ruteta anali atamanga kale nsalu m'chiuno. "Tiyeni, amayi. Kaya mukwiye kaya musakwiye, ndikubwera nanu."

Temoai anaona kuti mwanayu sangamugonjetse ndi mawu. Anali ndi liuma la agogo ake. Ndiye anachita chimene sanamuchitepo chibadwire, anamunamiza.

"Chabwino. Koma sungalowe muja ndi fungo la maliro, Chigudumu chimakana. Pita ukasambe ku nyanja ya m'kati, umire mutu katatu, udzole mafuta a kokonati thupi lonse. Ukandipeza pakhomo."

"Zimenezo sindinamvepo."

"Ukanamva kuti? Unalowamo?"

Ruteta anatenga botolo la mafuta n'kuthamangira kumadzi. Burentau anayang'ana mkazi wake, n'kuweramira nsapato yake ija. Temoai anamasula chingwe choyanikira zovala, n'kuchikulunga m'dzanja.

M'kanyumbamo munkatentha, ndipo munkanunkha girisi ndi ndowe za nkhumba za kutsidya kwa njira. Anakhoma chitseko m'kati, n'kuchichirikiza ndi mtanda. Anamangirira chingwe ku chogwirira, n'kuchizunguliza kumsana ndi m'khwapa, kuti manja akalephera thupi ligwire. Akalekera, chogwiriracho chimukokera pansi ndi kumuphwanya nthiti. Anaganizira zimenezo pang'ono, ndipo sizinamuopse.

"Boti la Iotebwa silinamire," anatero, n'kukankha.

Ulendo woyamba ndi wachiwiri anazungulitsa ndi dzanja lamanzere. Wachitatu anawonjezera chifuwa. Pokweza ankalowa pansi pa chogwirira n'kuchinyamula ndi phewa lodwalalo, potsitsa ankachigonera ndi thupi lonse. Thukuta linkamulowa m'maso. Ankatchula mawu aja mmene munthu amawerengera kokonati, popanda kuwamva.

Ali pa ulendo wachisanu ndi chiwiri, chitseko chinagwedezeka.

"Amayi, ndabwera. Tsegulani."

"Boti la Iotebwa silinamire."

"Amayi. Mwandinamiza? Tsegulani, mufa muli nokha mmenemo."

Ruteta anayamba kumenya chitseko ndi zibakera, kenaka ndi mwala. Ankalira, akutukwana, akuitana amuna aja kuti abwere adzathyole, koma palibe anayandikira. Temoai anamva zonsezo ngati zikuchitika pa chilumba china. Pa ulendo wakhumi ndi chiwiri china chake chinaduka m'phewa, ndipo dzanja lakumanja linangolendewera. Chogwirira chinayamba kubwerera, chingwe chikumudya m'nthiti. Anaponda khoma ndi phazi, analuma mano, n'kukankha ndi msana mpaka chinadutsa pamwamba.

Dzino linadumpha kuti kha. Kumenya kwa pachitseko kunalekera pakati.

Anakhala pansi kanthawi, akupuma. Kenaka anamasula chingwe ndi dzanja limodzi, anachotsa mtanda, n'kutuluka.

Kunja dzuwa linali paliwombo, ndipo pakhomo panalibe munthu. Makola a nkhumba anali pomwepo. Denga la tchalitchi linali lobiriwira, pamene m'mawa linali lofiira, koma zoterezo anasiya kalekale kuziwerengera. Mayi wina amene ankadutsa ndi mtolo wa masamba anaona manja akudawo, anatula mtolo, n'kudzitchula dzina ndi kuti ndi mnansi wa kuseri kwa chitsime. Temoai anagwedeza mutu n'kulunjika kugombe.

Boti linali pamchenga, ndipo amuna asanu ankatsitsa nsomba akunyozana za amene anasanza panyanja. Iotebwa atamuona anapukuta manja pa kabudula n'kubwera, wamoyo, wonenepa, mamba a nsomba ali pa tsaya.

"Ndine Iotebwa, mwamuna wa Ruteta," anatero mwaulemu. "Mutengeko nsomba, mayi."

Sananene kuti mkamwini wanu. Temoai anazindikira zimenezo, n'kuziika pambali. Anthu amaiwala mawu akatopa.

Kunyumba Burentau anali pansi pa mtengo womwe uja. Anadzuka msanga ataona mmene dzanja likulendewera.

"Ndine Burentau, mwamuna wako, yemwe uja wokongola. Temoai, wadzitani? Bwanji osaitana munthu?"

"Ruteta ali kuti?"

"Kwawo, ali kuti nanga? Khala pansi, ndikaitane Bwena, ndi amene amadziwa za mafupa."

Bwena anali mlongo wake wa Burentau, mayi wosabereka amene Temoai ankamudziwa akukhala yekha kumapeto kwa mudzi ndi amphaka. Anabwera akuthamanga, atanenepa, atavala diresi la maluwa, n'kudzitchula kuti ndi mlamu wake. Pambuyo pake panali Ruteta, atanyamula botolo la mafuta. Maso ake sanali otupa. Mpata wa m'mano unalipo. Anagwada patali pang'ono, monga amachitira mwana wa pa nyumba ina.

"Ndine Ruteta, mwana wa a Bwena," anatero. "Munandibereka ndinu, koma munandipereka kwa amayi ndili ndi miyezi itatu. Ndimakuitanani kuti azakhali."

Kwathu kuno kupatsana ana pa chibale si nkhani, theka la mudzi linakula choncho. Temoai anangogwedeza mutu ngati wauzidwa za mtundu wa denga.

"Ndinapereka chifukwa chiyani?" anafunsa.

Bwena ndi Burentau anayang'anana. Wa pa Chigudumu amaloledwa kufunsa za moyo wake, ndipo wofunsidwayo ayenera kuyankha zoona.

"Munanena nokha, alamu," anatero Bwena. "Munabwera naye kwathu m'mawa, muli ndi kathumba ka matewera. Munati mwana uyu asakulire pafupi ndi Chigudumu, asadzawerengedwe wa banja la kiyi. Munatilumbiritsa pamaso pa anthu. Mwaiwala?" Anadzigwira pakamwa. "Pepani. Si inu munaiwala."

"Ndipo m'kanyumba muja sanalowemo?"

"Ine?" Ruteta anaseka, kuseka kwake kuja kosokosera. "Ngakhale njira ya kumeneko ndimailambalala. Mumandithamangitsa ndi tsache ndili mwana, mpaka ndinkakuopani."

Bwena anagwira phewalo, analikoka mwamphamvu kamodzi, fupa n'kubwerera m'malo. Anati mtsempha waduka, dzanjalo silidzagwiranso ntchito yolemera, ndipo a mu maneaba ayambe kufuna munthu wina ku banja la a Karotu. Atatero anapita kukhitchini ndi Burentau kukatenthetsa madzi, n'kumusiya Ruteta kuti azithira mafuta.

Manja a Ruteta anali omwe aja. Ankasisita mosamala, mwaulemu, osatsamira pa iye ngati kale. Ankanunkhira utsi ndi sopo. Anacheza za nsomba zimene Iotebwa wabwera nazo, kuti mwamunayo akangogwira zambiri amayenda ngati chilumba n'chake. Kenaka anatsitsa mawu.

"Ndikudziwa kuti safunsa. Koma mwadzipweteka chonchi. Kodi uko zinali zoipa kwambiri, azakhali?"

"Ayi," anatero Temoai. "Zazing'ono."

"Anthu a mu maneaba aja alibe chisoni. Kumuvutitsa munthu wamkulu chifukwa cha zazing'ono." Anapendeketsa botolo, n'kupeza kuti mafuta atha. Anatembenukira kukhitchini n'kuitana, "Amayi!"

"Ee," anayankha Temoai.

Linangotuluka lokha, liwu la zaka makumi awiri ndi zisanu ndi ziwiri. Kukhitchini nakonso Bwena anali atayankha, ndipo Ruteta anamwetulira mwamanyazi, ngati mmene timachitira munthu wachikulire akalakwitsa, n'kupitiriza kuuza mayi ake kuti abweretse mafuta ena.

Pamenepo chinthu chimene Temoai anachifufuza m'mawa uja osachipeza chinabwera chonse nthawi imodzi. Ankamukonda mwanayu. Ankamukonda koopsa, ndipo zinamupweteka kuposa maliro onse amene anaikapo. Anali atapeza chimene ankafuna, mwana anali wosangalala, dzanja la mwanayo linali loyera, ndipo panalibe munthu pa chilumba chonse amene akanakumbuka kuti Ruteta anamupesapo tsitsi. Misozi inayamba kutsika, yambiri, ya munthu amene waiwala kaliridwe kake.

Ruteta anachotsa manja msanga. "Ndakupwetekani, azakhali?"

"Ndi phewali," anatero Temoai. "Pitiriza."